Ndinkayenda ndi lilime la Esinati

Anthu kuno ku Mponela akandifunsa ntchito yomwe ndinkagwira ku Dubai, ndimawauza kuti ndinkayendetsa azungu kuti azikadya. Amaseka. Ena amaganiza kuti ndikuphimba zinazake zochititsa manyazi, moti achemwali anga, omwe anandilerera mwana zaka zonse zija, anachita kundipempha kuti ndizingoti ndinali wa m'nyumba basi, anthu asamatinene pamjigo. Koma ntchito yake inali imeneyo ndithu. Alendo ankalipira kuti ayende wapansi kuchoka pamalo odyera awa kupita pa ena, paliponse n'kulawapo pang'ono chakudya cha chigawo china cha dziko la Italiya, ndipo ine ndinkayenda pambuyo pawo ngati mbusa, kuti pasasochere ndi mmodzi yemwe.

Miyendo inazolowera. Chibwerereni sinditha kukhazikika pamkeka. Ndimangozindikira ndafika pamsika ndilibe chogula, ndazungulira kuchigayo ndilibe chimanga. Tadala, mwana wanga, yemwe mutu ukamupweteka amaitana amayi ake aakulu osati ine, amangondiyang'ana n'kufunsa kuti, "Mukupitanso kuti?" Nanenso sindidziwa.

Ndinachoka iye asanayambe sukulu. Zaka zoyambirira ndinali m'nyumba ya banja lina ku Al Twar, kulera ana a eni, kudyera kukhitchini onse akatha. Za kumeneko sindinena zambiri. Sikuti anali anthu oipa, koma mpanda wawo unali wautali ndipo ine ndinabadwa wosakhazikika. Pangano litatha ndinakana kuwonjezera. Ndinasamukira ku Hor Al Anz, m'chipinda cha mabedi osanjikizana momwe tinkagonamo azimayi a ku Malawi, a ku Zambia, ndi wina wa ku Uganda yemwe ankapemphera mokuwa. Bedi langa linali lam'mwamba. Lam'munsi linali la Esinati.

Esinati anali wa ku Chipata, wamkulu kwa ine, wathupi, wa pakamwa posatseka. Kwawo ankaphika pamalo ena ogona alendo, koma ku Dubai ankakolopa m'nyumba za anthu pansi pa kampani ina yoyeretsa. Ndiye amene anandipezera ntchito. Tsiku lina anafika akuvula nsapato pakhomo, n'kunena kuti, "Amake Tada, kuli mzungu wina kwamene nikolopa, afuna munthu wosalema kuyenda. Namuuza ati nidziwa wina wamene angafike ku Oman ngati simunamugwire. Upite mawa."

Mzunguyo anali a Sinyora Ornella, mayi wamfupi, wa imvi zometa, woyenda ngati akuthamangira basi. Amuna awo ankaphika pahotela ina ndipo anamwalirira komweko. Iwo m'malo mobwerera kwawo anayambitsa kakampani kameneka, ka iwo eni ndi wantchito mmodzi. Wantchitoyo ndinakhala ine, ndipo viza yanga, pepala lomwe popanda ilo sungagone m'dziko lija, inabwera m'manja mwawo.

Tinkayenda m'miyezi yozizira, dzuwa likapendeka, ku Marina komwe nyumba zake ukati uziyang'ane mpaka kumwamba khosi limapweteka. Ine chikwama cha madzi kumsana. Ndinkawerenga mitu, kukoka otsalira pojambula zithunzi, kulozera okalamba kuchimbudzi, ndipo tikayandikira malo otsatira ndinkadutsa njira yachidule kuseri kwa nyumba, alonda onse ankandidziwa, n'kukauza akukhitchini kuti tafika, chakudya chituluke chotentha. A Sinyora ali patsogolo, manja m'mwamba, ndipo ulaliki wawo unali umodzi: kulibe chinthu chotchedwa chakudya cha ku Italiya. Kuli cha ku Sisile, cha ku Napoli, cha ku Jenova, cha ku Bolonya kwawo, ndipo ukazisakaniza ndiye kuti watukwana makolo a anthu. Alendo ankadabwa, ine ayi. Kwathu kunonso wa ku Karonga ndi mbalagha zake sangalole kuti umuphatikize ndi wa ku Nsanje.

Alendo ake analipo amitundumitundu. Ena ankabwera atadya kale kuhotela n'kumangotosa chakudya ndi foloko, ena ankafuna kukhuta pamalo oyamba pomwe n'kumafika kumapeto akupuma ngati ng'ombe yapangolo. Bambo wina anadula ndi mpeni pasita, chakudya chawo cha tirigu chonga tizingwe chomwe Ataliyana sadula, a Sinyora n'kugwira pamtima, ine ndinaganiza kuti akomoka. Ndinkawakonda mayi aja ndi ukali wawo womwe. Sanandiitanepo ndi belu kapena ndi kuwomba m'manja.

Paliponse tikaima ankaitanitsanso mbale yanga. "Idya, kara," ankatero. Kara ndi mawu awo oitanira munthu wapamtima, ngakhale iwo ankaitanira nawo aliyense, ndi woyendetsa takisi yemwe akukangana naye.

Ine kudya pamenepo? Pamaso pa alendo a abwana, foloko m'manja, anthu akuona mmene ndikutafunira? Malemu mayi anga akanadzuka. Ife tinakula tikudziwa kuti pakhomo pakafika alendo mwana amasowa, ndipo mzimayi akapatsidwa chabwino paukwati kapena pamsonkhano samameza yekha, amakulunga n'kutengera a kunyumba. Ndiponso, ndisaname, fungo la tchizi chawo tsiku loyamba linandikumbutsa masokosi a alamu anga. Choncho ndinati, "Ndikadyera kunyumba, Sinyora, mtima uli m'malo." Ndinagula timabokosi tapulasitiki, ndipo madzulo aliwonse ndinkakwera Metro, sitima ya mumzinda, chikwama chikununkhira mpaka oyandikana nane kumatembenuka.

Amene ankadya anali Esinati. Enawo ankangogwirako n'kumadandaula kuti mulibe tsabola, koma iye ankakhala pabedi lake, kabokosi pamiyendo, maso atatseka. Ankadya chozizira chomwecho. "Wamene anaphika mpunga uyu ali na chikondi," ankatero, "koma mafuta yake ni yakale, akazingilamo vambiri." M'mawa mwake a Sinyora ankandifunsa kuti zija za ku Sisile zinali bwanji, ndipo ine, posowa chonena, ndinkabwereza mawu a Esinati. Ulendo woyamba anaima chilili pakati pa njira n'kundiyang'anitsitsa. "Iwe uli ndi lilime," anatero, ndipo madzulo ake anakalowa m'khitchini ya eni kukakangana za mafuta. Ndinanyada ngati lilimelo linali langa. Mpaka lero sindiona kuti ndinaba chiyani. Chakudya chinadyedwa, yankho linaperekedwa, ndipo linali loona.

Zinayenda choncho zaka ziwiri. Mwezi ndi mwezi ndinkatumiza kwathu, Tadala analowa sukulu yabwinoko, achemwali anafolera nyumba ndi malata. Kenako kunabwera kolona.

Mzinda wonse unatsekedwa. Alendo anatha, m'malo odyera mipando inakwera pamatebulo, kutuluka pakhomo kunkafuna chilolezo cha pafoni. M'chipinda mwathu tinadzazana tsiku lonse, azimayi opanda ntchito, mpweya umodzi, wina akatsokomola tonse n'kukhala chete. Anzanga ankagona, kulukana tsitsi, kuonera mafilimu pafoni. Ine ndinkayenda. Kuchoka pakhomo kufika pawindo, kubwerera, kutsika masitepe mpaka pansi, kukwera mpaka padenga, kutsikanso. "Nkhala pansi iwe," Esinati ankakuwa, "uzatisilizila matailosi ya bene!" Koma ndikakhala pansi mutu ndiwo unkayamba kuyenda, ndiye bola miyendo.

Tsiku lina, titatopa ndi kuyang'anana, ndinamanga kansalu koyera kumutu kuti kakhale imvi, n'kukweza manja m'mwamba. "Bwerani, kara, bwerani! Apa ndi pa Sisile!" Pa Sisile panali pabedi la wa ku Uganda, ndipo chakudya chake chinali mpunga wadzulo woumba ndi manja. Ku Napoli kunali pawindo, buledi wopaka tomato. Ku Bolonya kunali pabedi la Esinati, yemwe anasakaniza nsomba ya m'chitini ndi tinudulo ta m'paketi n'kumalumbira kuti agogo ake Achitaliyana ndiwo anamuphunzitsa. Azimayi akuluakulu anandanda pambuyo panga m'chipinda chomwe munthu sungatambasulemo manja, wina kumachita ngati akujambula, wina kumafunsa kuchimbudzi. Tinaseka mpaka Amwenye a chipinda china anagogoda khoma. Limenelo ndi tsiku lokhalo la nyengo ija lomwe ndimalikumbuka mosapsa mtima.

Kampani yoyeretsa ija inachotsa anthu ambiri, Esinati ali m'gulu lomwelo. Anamuuza kuti viza yake ikatha saiwonjezera. Ku Chipata anasiya ana atatu ndi amuna omwe anapunduka mwendo pangozi ya njinga yamoto, moti pakhomo ponse pankayang'ana iye. Sanalire pamaso pathu. Anangosiya kuyankhula pakudya, ndipo kwa Esinati chimenecho chinali chachikulu.

A Sinyora ankandiimbira sabata ndi sabata, kenako foni inaleka kulira. Ndinamva kwa mlonda wa panyumba yomwe ankakhala kuti anawatengera kuchipatala. Anachira, anatuluka ataonda, koma matenda anawasiyira chilema chosaoneka ndi maso: mphuno ndi lilime zinafa. Khofi ankamumva ngati madzi otentha, tchizi ngati kandulo. Tangoganizani, munthu yemwe moyo wake wonse unali pakamwa.

Nyengo yozizira itabwereranso alendo anayamba kudontha mmodzimmodzi, aliyense masiki kukamwa. A Sinyora anandiitanira kwawo, tinakhala motalikirana, iwo uko ine kuno.

"Tamvera, kara," anatero. "Ophika ambiri omwe ndinkawadziwa anabwerera kwawo. Eni malo alemba ena, ndipo akugula zinthu zotchipa. Ndikudziwa, nanenso ndikanatero. Anthu amanditsata chifukwa sindinawalowetsepo pa chakudya chabodza. Ndikati ndiziwadyetsa zomwe sindikuzimva, kuli bwino nditseke ndizipita kwathu." Anapuma kaye, mpweya unali usanabwerere bwino. "Koma ndili ndi iwe. Wadya zonsezi zaka ziwiri, ukudziwa mmene zimayenera kukomera. Ukhala lilime langa. Zikayenda, viza yako tiiwonjezera."

Viza yangayo inali itatsala miyezi yowerengeka. Ndinayang'ana pansi n'kunena kuti chabwino.

Esinati nditamuuza anaseka mpaka kutsokomola, wa ku Uganda uja n'kuthawira pakhonde. Atatha anapukuta misozi. "Manje tizachita bwanji, mwana iwe?"

Tinachita zomwe tinkachita kale. Tisanatsegule, ine ndi a Sinyora tinazungulira malo onse, ndipo paliponse ndinkapempha kabokosi. Ndinati lilime langa limagwira bwino ndikakhala phee kunyumba, iwo n'kuvomera, poti ndi mmene anandidziwira. Esinati sanaphonye. Msuzi wobiriwira wa ku Jenova, womwe amasinja masamba onunkhira pamodzi ndi tinjere ta mtengo wa paini, anangouika palilime n'kutsegula maso. "Umu muli nsawa. Ine wa ku Chipata, munthu anganinamize pa nsawa?" A Sinyora anakafunsa, mwini malo anagwetsa nkhope, ndipo malowo tinawachotsa paulendo.

Nanenso ndinayesa kuphunzira, musaganize kuti ndinangopinda manja. Ndinkakhala pambali pa Esinati n'kumalawa, iye akundiuza kuti imva apa, imva apo. Koma ungadziwe bwanji kuti munthu waonda ngati sunamuonepo ali wonenepa? Zonse zinkafika zozizira, zotopa ndi ulendo wa Metro, ndipo kwa ine zinkamveka chimodzimodzi.

Tinatsegula. Magulu anali aang'ono, anthu oyenda motayana, otsitsa masiki pokhapokha mbale ikafika. Ubusa wanga unachepa, poti anthu ochepa chotero sasochera, koma ndinkathamangirabe kukhitchini. Tsiku lililonse ndinkadzuka ndi funso limodzi, loti kodi ndi lero.

Tsiku lake linafika tili ndi bambo wina Mtaliyana wa ku Bolonya komweko, wogwira ntchito ku Dubai, yemwe anabweretsa apongozi ake kuti awaonetse za kwawo. Malo omaliza anali a ragu, msuzi wa nyama yogaya womwe umakhala pamoto wochepa kuyambira m'mawa, n'kuthiridwa pa pasita yopyapyala. Chimenechi chinali chakudya cha kwawo kwa a Sinyora ndipo ankachisungira kumapeto. Sitinadziwe kuti dzulo lake eni malo analemba wophika wina. Mbale zitafika anaziyang'anitsitsa, maonekedwe ake sanawasangalatse. Anakulunga pang'ono pafoloko n'kundipatsa pamaso pa onse.

"Lawa. Pompano."

"Sinyora, kabokosi..."

"Palibe kabokosi, alendo akudikira. Ndi mmene imakhalira?"

Ndinatsitsa masiki n'kulawa. Ndinamva nyama, ndinamva tomato, ndi kutsekemera kwinakwake konga kwa tomato wa m'botolo yemwe timathira pa tchipisi. Ndinaganiza kuti mwina ndi mmene Ataliyana amakondera. "Ndi yomweyo, Sinyora," ndinatero.

Alendo anadya. Bambo wa ku Bolonya anatafuna kamodzi, anaika foloko pansi pang'onopang'ono, n'kuyankhula Chitaliyana chachifupi kwa a Sinyora. Mawu ake sindinawamve, koma ndinaona khosi la a Sinyora likufiira mpaka m'makutu. Munalidi shuga ndi tomato wa m'botolo yemwe uja, chinthu chomwe wobadwira ku Bolonya angachizindikire ali m'tulo. A Sinyora anapepesa, anatsanzikana ndi alendo bwinobwino, ndipo onse atapita anandilozera benchi ya m'mphepete mwa madzi.

"Matenda akugwira nawenso?" anafunsa. "Lilime lafa? Usaope, ndiuze."

Njira yothawira anandipatsa okha. Koma ndikanati inde, akanandipititsa kokayezetsa, akanaimitsa maulendo, akanaimbira alendo onse aja kuwaopseza pachabe. Ndiponso ndinali nditatopa. Ndinawauza za timabokosi, za bedi lam'munsi, zonse.

Ndinkayembekeza kuti akalipa za bodza la pa ragu, koma ayi. Iwo anati, "Zaka ziwiri ndikukuikira chakudya cha kwathu patsogolo, iwe osachiika pakamwa? Kwathu munthu akakana mbale yako ndiye kuti wakana iweyo. Ine ndinkati tikudyera limodzi."

Apo nanenso mtima unandiwira. "Nanga ndikanatani, Sinyora? Ndizimeza nyama ndi tchizi pamaso pa alendo anu, anzanga kunyumba akugonera tiyi ndi buledi? Kwathu ameneyo timamuti wadyera, wosaleredwa. Mbale yanu sindinaikane. Ndinailemekeza, ndinaifikitsa kunyumba."

Tinayang'anizana, aliyense akuona kuti mnzakeyo ndiye wosadziwa khalidwe. Kenako anapukuta m'maso ndi kuseri kwa dzanja.

"Ndiye lilime lomwe ndakhala ndikulitamali ndi la ndani?"

"La Esinati. Yemwe ankakukoloperani uja."

"Wathupi uja, woimba akukolopa?" Anaseka pang'ono, kuseka kosafika m'maso. "Ubwere naye mawa."

M'mawa mwake ndinatuluka Esinati asanadzuke, osamuuza kanthu. Ndinayenda mpaka ku Deira, kudutsa mumsika wa zonunkhiritsa ndiwo momwe masitolo ambiri anali otseka, n'kukakwera abra, kabwato kamatabwa kowolotsa anthu pamadzi odula mzinda pakati. Nditafika tsidya ndinabwerera. Ndinawolokanso. Woyendetsa wake anachita kundifunsa ngati ndataya chinthu m'madzi. M'mutu munkangozungulira chinthu chimodzi: kakampani ka a Sinyora n'ka wantchito mmodzi, ndipo pakati pa miyendo ndi lilime, chomwe chikusowa ndi lilime. Ndikanatha kunena kuti Esinati wakana, kapena wadwala. Ndikanatero a Sinyora akanatseka, tonse atatu n'kukwera ndege zosiyana. Ndikapita naye, wokwera ndege akhala mmodzi, ndipo mmodziyo ndinkamudziwa.

Ndinabwerera dzuwa lili paliwombo. Ndinamupeza akupinda zovala m'chikwama chake chachikulu, poti masiku ake anali atatsala pang'ono. Nditamuuza sanachedwe kuzindikira komwe nkhani ikupita.

"Awe, sinipita. Ni nchito yako iyo, ndine ninakupezela. Nizayang'ana bwanji mwana wako, amake Tada?"

"Mwana wanga simudzamuona, asisi, ali ku Mponela. Anu ndi atatu. Yalla, tiyeni, valani, mzungu sadikira."

Ndinanena mokalipa chifukwa ndinali wokwiya ndithu. Ndinakwiyira iye, ndinakwiyira a Sinyora, ndinakwiyira ndi mayi anga omwe anandiphunzitsa ulemu. Esinati anakhala pabedi kanthawi, manja pamaondo, kenako anavala.

Kukhitchini ya ku Sisile anamupatsa mpunga wawo uja woumba ngati mpira, utangotuluka m'mafuta. Analuma, n'kutseka maso. "Mayo ine! Kansi vimamveka tere vikankhala votentha!" Posakhalitsa iye ndi a Sinyora anali akukangana ndi wophika za mchere, Chingerezi chothyoka mbali zonse, akuseka, akumenyana pamapewa, za kutalikirana ataiwala. Ine ndinaima pakhomo ndi chikwama cha madzi.

Kwa kanthawi tinayenda atatu. Alendo anamukonda Esinati. Ankawauza kuti tchizi ichi chikununkha mbuzi yonyowa koma idyani muone, iwo n'kumafa ndi kuseka. A Sinyora anayesa kuti tikhale awiri, ndikudziwa anayesa, ndinkawaona akuchokera ku maofesi a maviza nkhope ili yakugwa. Koma kakampani kotero, panyengo ngati ija, sikakanatha kusenza awiri. Anandiuza okha kuti ntchito yanga yatha, osatuma munthu, ndipo pa chimenecho ndimawalemekeza. Esinati anasiya kundiyang'ana m'maso. Anayamba kundichapira zovala osamutuma, kundiyalira pabedi, kundisungira madzi ozizira, ndipo zimenezo zinkandipsetsa mtima kuposa china chilichonse. Ndinkamukonda, ndipo ndinkalakalaka nditamukankha pamasitepe, zonse nthawi imodzi.

Achemwali nditawaimbira kuti ndikubwera anati, "Nthawi ino? Ndi matenda a kumenekowo?" Kenako anafunsa ngati ndidzabwererenso, chifukwa khitchini inali isanafoleredwe. Tadala anakana kubwera pafoni, ati akulemba za kusukulu. Ndinaika foni m'thumba n'kukazungulira Hor Al Anz yense mpaka zidendene zinawawa.

Madzulo omaliza a Sinyora anandilanda chikwama cha madzi n'kumupachika Esinati. "Lero ndiwe mlendo," anatero. "Uyenda patsogolo, ukhala pampando, ndipo ndikaona kabokosi ndikaponya m'madzimo." Ndinafuna kukana. Mawu ake ndinali nditawakonza kale, aulemu koma olasa. Miyendo ndiyo inanyamuka yokha, njira inkaidziwa.

Pa Sisile ndinakhala pansi pakati pa alendo, mayi wina wa ku Jeremani ali kumanja kwanga. Mpira wa mpunga uja, womwe ndinaunyamula kambirimbiri uli gwaa ndi kuzizira, unaphwanyika m'mano kuti tswaa, mkati muli mofewa, tchizi chikutanuka osaduka. Ndinapsa pakamwa koma sindinaleke. Pa Napoli pitsa yake inali ya matuza akuda m'mbali, yonunkhira utsi wa nkhuni. Pamalo atsopano a ku Jenova, omwe Esinati anavomereza, msuzi wobiriwira uja unandikwera m'mphuno ngati dimba mvula itangokata. Paliponse mkwiyo unkakula pamodzi ndi kukhuta. Kani zinali chonchi! Zaka zonse zija zinkadutsa m'manja mwanga zili chonchi, ine n'kumazivundikira.

Ragu tinali titamusamutsira pamalo ena. A Sinyora anakhala moyang'anizana nane, mbale yawo ili patsogolo osaikhudza. Esinati anaima cha pakhomo, pamalo panga, akuyang'ana panja ngati mumsewu muli chochitika. Ndinadya. A Sinyora anadikira kuti ndimeze, ndipo sanatembenukire kwa Esinati. Anafunsa ine.

"Zili bwanji, kara?"

"Sindikudziwa ngati ndi mmene zimayenera kukhalira, Sinyora," ndinatero. "Koma zikukoma. Zikukoma kwambiri."

Anagwedeza mutu, n'kukankhira mbale yawo kwa ine. Ndinaidyanso yonse, alendo akuona, mpaka kupukuta msuzi ndi buledi. Ndege inali ya m'mawa mwake.